Mayi Lohberg Abwerera pa Siteji

Mayi Lohberg anali atamwalira kambirimbiri Tusekele asanawadziwe. Anamizidwapo mumtsinje, anamwapo khofi wothira poizoni, ndipo tsiku lina anagwa kuchokera pamwamba pa nyumba yosanja atavala diresi la ukwati. Zonsezi zinkachitika m'mafilimu a ku Germany, kalekale, iwo ali namwali wa tsitsi lofika m'chiuno. Tsopano anali munthu wokalamba woyenda ndi ndodo, ankakhala okha m'kanyumba ka njerwa mumzinda wa South Bend, m'chigawo cha Indiana ku America, ndipo anthu a mumsewu mwawo ankangowadziwa kuti ndi mayi aja amakalipira ana akaponda kapinga.

Tusekele anali atangomaliza Fomu 4 ku Lilongwe pamene anti ake, a Pamela, anamuitanitsa ku America. A Pamela anali namwino, ndipo pulani yawo inali yoti nayenso adzakhale namwino. Podikira kuti sukulu imutenge, anamupezera ntchito yosamalira okalamba m'makomo mwawo. Iye unamwinowo sunali mumtima mwake n'komwe. Kusekondale ankasewera zisudzo, ndipo kamodzi holo yonse inaimirira kumuombera m'manja atasewera ngati mkazi wothawidwa ndi mwamuna. Phokoso la manja amenewo anakwera nalo ndege. Ankalimva akamatsuka mabafa a eni, ankalimva m'basi, ndipo zinkamuwawa kuti miyezi ikungodutsa moyo wake weniweni usanayambe.

Ndiye tangoganizani tsiku loyamba kulowa m'nyumba ya Mayi Lohberg. Khoma lonse la kanjira kopita kuchipinda linali zithunzi zokhazokha: mtsikana wa maso akuluakulu atagwira ambulera, mtsikana yemweyo akupsompsonana ndi mnyamata wa chipewa, yemweyonso pa siteji maluwa atadzaza m'manja. Tusekele anaima pomwepo, mopu ili m'manja, mpaka eni nyumba anamufunsa ngati wabwera kudzagwira ntchito kapena kudzaona malo.

Mbiri yawo inkatuluka pang'onopang'ono, mosatsata ndondomeko, kawirikawiri Tusekele akamawapesa tsitsi. Anayambira m'nyumba ya zisudzo ya mumzinda wa Bremen, kwawo ku Germany, kunyamula thireyi ya makapu n'kunena mawu ochepa chabe oti chakudya chapsa. Bwana wina wa mafilimu anawaona akunyamula thireyiyo, basi zinayambira pomwepo. Kwa zaka zingapo nkhope yawo inali pazipupa za m'mizinda, anyamata ankawadikira pakhomo mvula ikuwanyowetsa. Kenako anangozindikira kuti mbali za atsikana zayamba kupita kwa ena. Iwo anayamba kupatsidwa mbali ya neba amene wapeza mtembo m'masewero a apolisi a pa TV. Zimenezonso zitatha, anatsala ndi mawu okha. Ankaima m'chipinda chamdima, kutsogolo kukuoneka filimu ya ku America, iwo n'kumaika Chijeremani m'kamwa mwa akazi a eni. Ankati dziko lonse linamva mawu awo akuseka ndi kukalipa, koma palibe ankadziwa kuti ndi awo.

Ndiye kunabwera mphunzitsi wa ku yunivesite wochokera ku Indiana, munthu wofatsa, wa majuzi obooka m'zigongono, n'kuwauza kuti ku America kulinso masiteji. Anakwatiwa naye. Masitejiwo analikodi, koma iwo akangotsegula pakamwa, Chingelezi chawo cholemera chinkawaulula kochokera. Mbali yokhayo yomwe anapatsidwapo inali ya mlonda wankhanza wa ndende ya nthawi ya nkhondo. Anaikana. Anadikira ina, ndipo anadikirabe mpaka mwamuna wawo anamwalira.

"Nanga bwanji simunabwerere kwanu?" Tusekele anafunsa tsiku lina.

"Kuti akandifunse zomwe ndinachita ku America?" anatero iwo. "Pesa tsitsi."

Mmawa wina Tusekele analimba mtima n'kuwaonetsa sewero lake la kusekondale lija, pabalaza pomwepo, atavala magulovu otsukira. Anadzimenya pachifuwa, analoza kumwamba, anagwada. Mayi Lohberg anaonerera mpaka kumapeto, kenako anafunsa kuti mkazi ameneyu wathawidwa ndi mwamuna kapena akuthamangitsa njuchi. Anati manja achuluka. Koma anawonjezera kuti liwu lilipo, ndipo Tusekele anayenda ndi mawu amenewo sabata yonse ngati wapatsidwa mendulo.

Foni yomwe inasintha zinthu inabwera masamba a mitengo atayamba kufiira. Woimba foniyo anali mayi wina dzina lake Melissa, wa bungwe la ku Indianapolis la anthu omwe makolo awo anachokera ku Germany. Bungweli linkakonza zoonetsa filimu yakale Lamlungu lina masana, ndipo pofufuza anadabwa kupeza kuti mtsikana wa mufilimuyo akadali moyo, akukhala ku Indiana komweko. Ankangofuna kuti abwere, akhale pampando wakutsogolo, aimirire, abayibitse anthu. Mayi Lohberg anati iwo si chidole. Akabwera ndiye kuti akwera pa siteji n'kusewera kachigawo ka sewero lomwe linawatchukitsa ku Bremen. Melissa anavomera mozengereza, ndipo pofuna kuwasangalatsa anatchula kuti gulu lawo la zisudzo likukonza sewero la chaka chamawa, muli mbali ya mayi wokalamba, ndipo munthu wake sanamupeze. Anati akawaona pa siteji adzakambirana.

Mawu amenewo Mayi Lohberg anawakakamira. Anasiya kugona masana. Anayamba kumaliza chakudya cha m'mbale, kuchita masewera olimbitsa miyendo omwe ankawakana kuti ndi a anthu opusa, ndi kuyenda mpaka pa geti n'kubwerera.

"Mbali imeneyo ndi yanga," anamuuza Tusekele. "Ndikaipeza ndifa ndili wazisudzo. Ndikapanda kuipeza ndifa ndili wodwala wako."

Vuto linali mutu. Mawu a sewerolo anali akadalimo, koma nthawi zina chiganizo chinkangoduka pakati ngati ulusi wowola. Choncho anauza Tusekele kuti akhala wonong'oneza wawo. Anafotokoza kuti m'nyumba za zisudzo za kwawo munkakhala mzimayi wolembedwa ntchito imeneyi, wobisala pomwe anthu sangamuone, mapepala ali pamiyendo, ndipo wosewera akaiwala, iye ankamuponyera mawu oyamba motsitsa. Tusekele anati Chijeremani sachidziwa. Iwo anati wonong'oneza safunika nzeru, amafunika chala ndi makutu. Anamuphunzitsa katchulidwe ka liwu lililonse, kumubwezabweza mpaka kukhosi kuwawa. Anagwirizana kuti iwo akaiwala azigwira mkanda wa m'khosi mwawo, ndipo apo pokha Tusekele alankhule. Akangokhala chete osagwira mkanda, ndiye kuti chetecho n'cha sewero, asalowererepo. Za nkhani yake anangomuuza kuti ndi mkazi amene wapita ku siteshoni ya sitima kukachingamira mwamuna wake wochokera kunkhondo. Zina, anati, sizikumukhudza.

Poyeserera Tusekele anakhumudwa. Ankayembekezera moto. M'malo mwake mayiwo ankakhala pa sofa n'kumatchula mawuwo mosakweza, mosatsitsa, ngati akuwerenga malangizo a pa botolo la mankhwala. Lero zomwezo, mawa zomwezo. Tusekele analephera kupirira n'kufunsa kuti kodi sewero lenileni liyamba liti. Iwo anamuyang'ana pamwamba pa magalasi n'kunena kuti ana asukulu ndi amene amatha mphamvu zawo pa mipando yopanda anthu.

Kunyumba a Pamela ankamumva akung'ung'udza Chijeremani potsuka mbale, ndipo ankamuuza kuti mutu womwe ukuloweza zimenezowo ulowezenso buku la mayeso olowera sukulu ya unamwino, lomwe linali kudya fumbi pamwamba pa firiji. Tusekele ankavomera, koma m'basi ankamaliza yekha nkhani yake m'mutu. Mayi Lohberg apatsidwa mbali ija. Pokayeserera azipita naye ku Indianapolis, ndipo tsiku lina mtsikana wosewera ngati wantchito adwala chimfine. Melissa ayang'ana uku, ayang'ana uko, maso ake agwera pa iye. Thireyi ya makapu, mawu ochepa, ndipo pampando wina wakumbuyo pakhala munthu wa mafilimu atavala jekete lalitali. Nthawi zina ankapitirira malo otsikira n'kubwerera wapansi mphepo ikumuluma makutu.

Lamlungu lija a Pamela anali pa shifiti, choncho amene anawatenga pa galimoto anali amuna awo, a Gray, munthu wosatha kukhala chete ngakhale m'tchalitchi. Mayi Lohberg anatuluka atavala diresi lobiriwira lonunkha mankhwala othamangitsa njenjete, milomo atapaka zofiira, mkanda uli m'khosi. Anakana kugwiridwa mkono potsika masitepe. A Gray anawatsegulira chitseko chakumbuyo n'kuwerama ngati dalaivala wa nduna, ndipo iwo anangogwedeza mutu ngati kuti zimenezo n'zomwe zimayenera kuchitika tsiku lililonse.

"Ndiye a Hollywood," anatero a Gray kwa Tusekele atangolowa mumsewu waukulu, "mwandijombetsa kutchalitchi, mwandiphonyetsa mpira, kuti ndikaonere filimu yopanda kala, yachilankhulo choti sindimva ngakhale moni wake?"

"Ankolo, tsiku lina mudzanyadira kuti munandidiraivapo."

"Ndidzanyadira ukadzaphunzira kudiraiva wekha."

Msewu wopita kummwera unali wowongoka, minda ya chimanga chokololedwa kale ili mbali zonse mpaka komwe maso amalekezera. A Gray anadandaula, monga ankachitira nthawi zonse akamadutsa kumeneko, kuti chimanga chonsecho n'cha ng'ombe ndi mafuta a galimoto pomwe kwathu anthu akuchiimira pamzere. Kumbuyo Mayi Lohberg sankamva chilichonse. Maso anali otseka, milomo ikugwedera. Ataima ku Kokomo kuti awongole miyendo, anakana tiyi wamkaka, anati amatseka mawu.

Holo ya bungwelo inali m'nyumba yakale ya njerwa zofiira, yopanikizika pakati pa nyumba zitalizitali za maofesi m'katikati mwa Indianapolis. M'kati munkanunkhira masoseji ndi kabichi wowawasa. Anthu anadzaza theka la mipando, ambiri a imvi, ena ali pa njinga za olumala. Melissa, mayi wamtali wa makiyi ambirimbiri m'khosi, anawalandira bwino ndithu, koma ankalankhula mokweza ndiponso pang'onopang'ono ngati akulankhula ndi munthu wogontha. Anafunsa Tusekele, osati eni akewo, ngati angathe kukwera masitepe a pa siteji. Mayi Lohberg anayankha okha kuti anakwerapo masitepe ataliatali kuposa amenewo, diresi litagwiridwa kumbuyo ndi atsikana.

Magetsi atazimitsidwa, mtsikana wa pa zithunzi uja anayamba kuyenda. Ankathamanga m'khwalala lonyowa tsitsi likuuluka, ankaseka, ankatembenuka mwadzidzidzi n'kuyang'ana m'maso mwa aliyense m'holomo. Tusekele sanamve liwu ndi limodzi lomwe koma anamvetsa zonse. Anakonda mnyamata wa chipewa uja, anadana ndi bambo a mtsikanayo, ndipo analakalaka wina atamuyang'ana iyeyo mmene kamera inkamuyang'anira mtsikanayo. Pambali pake eni nkhopeyo sankaonera n'komwe, ankangotikita zala zawo kuti zitenthe. A Gray anagona.

Filimu itatha, Melissa anakhazika Tusekele kuseri kwa katani, m'mbali mwa siteji, pakampando kachitsulo. Kumeneko kunkalowa mphepo, ndiye anatulutsa chitenje chomwe sichinkachoka m'chikwama mwake n'kudzifunditsa m'mapewa. Mapepala anali pamiyendo, chala chili pa mzere woyamba. Pakati pa siteji panali mpando ndi kuwala kwa nyali imodzi.

Mayi Lohberg analowa pang'onopang'ono, ndodo ikugogoda. Anthu anaomba m'manja mwaulemu, mmene amaombera munthu chifukwa choti wakhalitsa padziko. Iwo anadikira kuti phokoso lithe. Kenako anatsamiritsa ndodo pampando, anaisiya pomwepo, n'kuimirira okha.

Liwu lomwe linatuluka Tusekele anali asanalimvepo. Silinali la pa sofa lija. Linali lopepuka, lachimwemwe, la mkazi amene walawirira kusita diresi chifukwa lero mwamuna akubwera. Ananyang'ama kusuzumira pamwamba pa mitu ya anthu osaoneka, anabayibitsa wina, anapepesa kwa wina amene anamuponda. Pa siteji yopanda kanthu ija panali sitima, panali utsi, panali asilikali akutsika ndi zikwama. Munthu amene ankatsokomola m'holomo anasiya. Chala cha Tusekele chinkathamanga pa mizere, ndipo dzanja la mayiwo silinapite ku mkanda ngakhale kamodzi. Tsamba linatha, linanso linatha. Liwu lija linayamba kutsika. Ankafunsa funso limodzimodzi kwa munthu uyu, kwa uyo, kwa winanso. Kenako anakhala chete.

Tusekele anayang'ana mkanda. Dzanja silinali pamenepo. Anadziluma mlomo n'kudikira monga anaphunzitsidwira.

Ndiye mawondo a Mayi Lohberg anapindika. Anatsikira pansi, diresi lobiriwira litatambasuka pamatabwa, manja ali kumutu, ndipo m'chifuwa mwawo munatuluka kulira. Sikunali kulira kopukuta ndi kansalu m'kona mwa diso. Kunali kulira kwa maliro, kochokera m'mimba, kokoka mpweya ngati munthu akumira. Tusekele anayang'ana papepala. Pamenepo panalibe mawu, panali mpata woyera basi. Kulira kotero anali atakumvapo tsiku lomwe galimoto inafika ndi bokosi la bambo ake, mayi ake n'kudzigwetsa pakhomo. Tsiku limenelo amayi oyandikana nawo anali atawazungulira kale asanafike pansi, wina atawagwira m'chiuno, wina akuwamanga nsalu. Kwathu munthu salira yekha anthu akuonerera. Koma apa holo yonse inangokhala, manja ali pamiyendo, kuyang'ana munthu wamkulu, wamasiye, wopanda mwana, akusweka mtima pamatabwa ozizira.

Sanaganize. Mapepala anagwa, kampando kanagwa, ndipo anangopezeka ali pakati pa kuwala kuja, atagwada, chitenje atawafunditsa, mutu wawo waimvi ataukumbatira pachifuwa.

"Pepani, mayi, pepani," ankatero m'Chichewa, nayenso misozi ikutsika. "Basi, basi. Ndili pano."

Thupi lomwe analikumbatiralo linauma ngati thabwa. Kulira kunaduka nthawi yomweyo, ngati wailesi yozimitsidwa.

"Choka," Mayi Lohberg ananong'ona osagwedeza milomo.

Koma anamfedwa amatero, amakankha, amati ndisiyeni ndipite naye. Tusekele anawagwira zolimba.

Wina anayatsa magetsi onse. Melissa anakwera pa siteji akuthamanga, makiyi akulira, kumbuyo kwake kuli bambo wina wokalamba amene anati anali dokotala asanapume pantchito. Bamboyo anawagwira pamkono kumva kugunda kwa mtima, anawafunsa dzina lawo, anawafunsa kuti lero ndi lachingati. Wina anabwera ndi madzi, wina anakabwereka njinga ya olumala. Mayi Lohberg ananena kuti ali bwinobwino, kuti linali sewero, kuti silinathe, azimitse magetsi amalize. Aliyense anavomera kuti inde, inde, linali sewero labwino zedi, kwinaku akuwanyamula kuwakhazika panjingapo. Pamene ankawatsitsa pa siteji, chitenje chikadali m'mapewa, holo yonse inaimirira. Anaomba m'manja nthawi yayitali, ena akupukuta m'maso. Mayi wina anagwira Tusekele patsaya n'kumuuza kuti ndi mngelo, akanakonda mayi ake akanakhala ndi wowasamalira wotere.

Apa m'pamene Tusekele anayamba kukayikira zomwe anachita. Anabwerera kuseri kwa katani kukatola mapepala. Pansi pa mpata woyera uja mawu ankapitirira mpaka kuseri kwa tsamba, ndipo iye ankawadziwa onse pamtima.

Pakhomo Mayi Lohberg anatsika panjinga ija, anapempha ndodo yawo, n'kufunsa Melissa mosapita m'mbali za mbali ya mayi wokalamba. Melissa anati lero si tsiku lokamba zimenezo, akapume kaye, aimba foni. Anawapatsa maluwa ndi mbale ya masoseji yokulungidwa bwinobwino.

Poimika magalimoto, atawakhazika kale mayiwo m'kati n'kutseka chitseko, a Gray anaona nkhope ya Tusekele n'kumufunsa chomwe chavuta. Iye anawauza kuti wawononga zonse, kulira kuja kunali kwa sewero.

"Sewero lanji limenelo?" anatero a Gray. "Ine chandidzutsa n'kulira komweko, ndimayesa ndili pa siwa ku Area 25. Ndinali nditaimirira kale, iwe wangondiyambirira. Wachita zaumunthu, mwana iwe. Anti ako akamva akunyadira."

Pobwerera wailesi sanayatse. Tusekele anakhala kumbuyo limodzi ndi mayiwo. Iwo anapinda chitenje chija mosamala, ngodya pa ngodya, n'kuchiika pampando pakati pawo. Dzuwa linali litapendeka, likuwalira m'minda yopanda kanthu ija. Anadutsa Kokomo osaima. Atapitirira m'pamene Mayi Lohberg analankhula, maso ali pawindo.

"Ku Bremen sindinafikepo pamenepo. Ndinkagwa bwino, ndinkalira bwino, manyuzipepala ankayamikira. Koma ndinali mwana, ndinali ndisanatayepo kanthu. Lero zinabwera. Ndinazimva zikukwera kuchokera kumapazi. Ndipo pambuyo pa kulira kuja mkaziyo amadzuka. Amadzuka yekha, amakonza tsitsi, n'kuuza wogwira ntchito pa siteshoni kuti abweranso mawa. Sewero lonse lagona pa kudzukako."

"Sindinadziwe, mayi. Simunandiuze."

"Wonong'oneza sauzidwa."

Anayenda kamtunda. Tusekele anati iye anakhulupirira, anakhulupirira ndi mtima wonse, ndiye kuti anasewera bwino kuposa wina aliyense amene iye anamuonapo. Polankhula anadzimva yekha kuti akupempha chikhululukiro.

"Wakhulupirira ndiwe," anatero Mayi Lohberg. "Enawo aona nkhalamba ikugwa."

Mmawa mwake Tusekele sanathe kudikira. Ali poimira basi anaimbira Melissa yekha, n'kufotokoza zonse mothamanga, Chingelezi chikupunthwa: kuti wolakwa ndi iye, kuti kwawo munthu akalira amagwiridwa, kuti mayiwo sanaiwale liwu ngakhale limodzi, awapatse mwayi wina ngakhale m'chipinda chopanda anthu. Melissa anamvetsera mpaka kumapeto. Kenako anati ndi mtsikana wabwino kwambiri, wofuna kusungira ulemu wodwala wake, ndipo asadziimbe mlandu ngakhale pang'ono.

Mayi Lohberg sanamuchotse ntchito, sanamukalipirenso. Ankamwa mankhwala, ankakweza mikono akamavekedwa juzi, ankanena zikomo. Foni ankaisunga pamiyendo tsiku lonse, ngakhale popita kubafa. Masewera a miyendo anapitiriza kwa kanthawi, kenako anayamba kudumpha masiku, kenako chipale chofewa chinagwa, njira ya ku geti inakwiririka, ndipo palibe anatchulanso zoyenda.

Foniyo inalira mmawa wina Tusekele atagwada pa kapeti, akuwaveka masokosi othina a miyendo yotupa. Anali atamaliza mwendo umodzi. Mayi Lohberg anakweza mawu a foni kuti amve bwino, ndiye Tusekele anamva zonse. Melissa anati komiti inakumana, ndipo onse anagwirizana kuti sangawaikenso pa chiyeso chotere. Mbali ija anaipereka kwa mphunzitsi wina wopuma pantchito, avala wigi ya imvi. Koma iwo awasungira malo pamzere wakutsogolo, m'mbali momwe njinga imakwana, ndipo abwere ndi mtsikana wokoma mtima uja.

Mayi Lohberg anathokoza ndi liwu lokoma, loseka. Anati n'zoganiza bwino zedi, anafunira mphunzitsiyo mafuno abwino, anafunsanso za nyengo ya ku Indianapolis. Melissa anamveka kupuma momasuka asanadule.

Anaika foni pa tebulo, chafufumimba. Tusekele anali chigwadire, sokosi ili m'manja.

"Mwendo winawo," anatero Mayi Lohberg.